Malangizo kwa bodigadi amene watopa ndi magazi

Ngati ndinu bodigadi wa m'filimu ndipo mtima wayamba kukuuzani kuti anthu amene mwawathyola nthiti akwana, pepani achimwene, tsoka lanu langoyamba kumene. Bodigadi wokonda ntchito yake amafa filimu isanafike n'komwe pakati, dzina lake osadziwika. Koma wotopayo, amene amakhala yekha m'chipinda n'kumayang'anitsitsa zikhatho zake mwachisoni, ameneyo ndiye mwini filimu, ndipo mwini filimu sapatsidwa penshoni. Komabe poti mwalimbikira kuti mukufuna mtendere, tamvani mmene anzanu anapunthwira.

Mwana wa abwana musamukonde. John Creasy wa mu Man on Fire, filimu ya Tony Scott ya mu 2004, anafika ku Mexico City ali chidakwa chotopa ndi moyo, atapha anthu okwanira m'dzina la boma la America. Mnzake wakale anamupezera ntchito yofewa: kuperekeza kamtsikana kotchedwa Pita kusukulu ndi kukakatenga. Masiku oyamba Creasy, amene ndi Denzel Washington, anachita bwino ndithu, nkhope ili gwa, mwanayo akamuchezetsa n'kumamudula pakamwa. Akanapitiriza mwano umenewo bwenzi atakalamba. Koma ayi, anayamba kupita naye kudziwe losambirako, kumuphunzitsa kuti asamadzidzimuke mfuti yoyambitsira mpikisano ikalira. Botolo analiika pambali. Kenako, osachita manyazi, anamwetulira. Munthu wa m'filimu akasiya mowa n'kuyamba kumwetulira, dziwani kuti achifwamba aimika kale galimoto panja. Pita anabedwa, ndipo wofuna mtendere uja anathera theka lotsala la filimu akudula zala za wapolisi wachinyengo, wina n'kumuika bomba pamalo oti sitingatchule pali apongozi.

Ndipo piyano muiope. Pita anabedwa akutuluka kophunzira piyano. Chaka chotsatira, mu 2005, chida chomwechi chinasokonezanso Jet Li mu Unleashed, imene kwina imatchedwa Danny the Dog. Danny analeredwa ndi Bart, wakatapila wa ku Glasgow, amene ankamuveka chitsulo m'khosi; angongole akayamba kunena za mwezi wamawa, Bart ankangomasula chitsulocho basi. Danny atathawa anakasungidwa ndi Morgan Freeman, bambo wosaona wokonza mapiyano, n'kuphunzira kudya ayisikilimu ndi kusankha zipatso zakupsa m'sitolo. Zonse zinali bwino mpaka nyimbo ina ya papiyano inamukumbutsa amene anapha mayi ake. Kunena chilungamo, Danny ndi mmodzi mwa ochepa amene anapulumukadi, ndipo Bart sanamuphe. Koma mukafunse oyandikana nawo nyumba kuti mtendere wakewo unawadyera zitseko, makoma ndi bafa zingati. Mukamva kuti m'nyumba imene mwathawira muli piyano, pemphani madzi akumwa, muthokoze, muzipita.

Za kumalo kwa zii nazo muiwale. Mabodigadi onse amaganiza kuti chipolopolo chimaopa nyanja ndi mitengo. Frank Farmer, amene ndi Kevin Costner mu The Bodyguard ya mu 1992, ataona kuti mumzinda zavuta anatenga woimba amene ankamulondera, Whitney Houston, ndi banja lonse kupita nawo kukanyumba ka bambo ake m'mphepete mwa nyanja. Bwato linaphulika, munthu anafa. Kumudzi kwanu musapiteko, mungokaphetsa ankolo osalakwa.

Mapulani anu musauze munthu, makamaka ngati ali ndi nambala. Al Pacino mu Carlito's Way ya mu 1993 anatuluka m'ndende n'kumauza aliyense kuti akangosonkhanitsa madola 75,000 apita ku Bahamas kukachita bizinesi yobwereketsa magalimoto. Ndalama anazipeza, tikiti ya sitima anagula, pasiteshoni ya Grand Central anafika, chitseko cha sitima anachiona ndi maso. Ku Bahamas akumudikirabe.

Nkhani ya Carlito ikukukhudzani pena, chifukwa amene anamugulitsa ndi bodigadi wake yemwe, Pachanga, amene anaona kuti njira yachidule yopumira pantchito n'kugulitsa abwana. Nzeru zimenezi musatengere: amene anamugula uja anamuwombera pomwepo, asanalawe n'komwe malipiro. Koma mutolepo ichi, kuti pamene inu maso muli tong'o kugeti, mdani ali pabalaza akumwa tiyi. Amene analemba ganyu munthu woti aphe woimba wa mu The Bodyguard anali mchemwali wake weniweni, Nicki, chifukwa cha kaduka, ndipo wakuphayo anali mnzake wakale wa Frank kuntchito yolondera mapulezidenti. Kubedwa kwa Pita kunakonzedwa ndi bambo ake omubereka pamodzi ndi loya wawo, pofuna kudyako ndalama za inshuwalansi. Choncho tsiku lofunsira ntchito, iwo akamafunsa za mfuti zimene mumatha kugwiritsa ntchito, inu muzifunsa za ngongole za abwana ndiponso ngati adona amalankhulana ndi abale awo. Akatsokomola asanayankhe, kafunsireni ulonda kusitolo ya simenti.

Tsopano ndikuuzeni chimene anzanu sanauzidwe. Amene akukutsekerezani njira si Bart, si apolisi achinyengo a ku Mexico City. Ndife. Taganizani filimu yoti bodigadi wapereka kalata yosiya ntchito pa mphindi 20, abwana asaina, amupatsa ndalama zake zonse, iye wakalima tomato mpaka mayina a osewera ayamba kukwera pagalasi. Mukaionetse m'kachisakasa ka vidiyo ku Ndirande kapena ku Mchesi, womasulira m'Chichewa atayesetsa kuikamo nthabwala zonse zimene ali nazo, muone ngati anyamata sakaitanitsa ndalama zawo pakhomo. Chisoni chanu timachifuna, inde, koma timachifunira chimodzi: kuti mukayamba kuswa mitu tiziombera m'manja mtima uli m'malo, tikudziuza kuti munthuyu sanafune, amuputa dala. Wakupha wosangalala amatichititsa manyazi kumuchemerera. Wakupha wolira ndiye wathu. A ku Hollywood masamu amenewa amawadziwa: The Bodyguard inapeza madola opitirira 400 miliyoni padziko lonse, ndipo mutu wake unali munthu wosafuna ntchitoyo amene potsiriza anadzitchingira chipolopolo pamwambo wa ma Oscar. Atachira mkono, mphoto yake inali kukalondera munthu wina.

Mwina mukuti njira yotsala ndi imfa basi, monga Creasy amene anadzipereka kwa achifwamba posinthana ndi Pita n'kutsirizikira pampando wa kumbuyo kwa galimoto lawo. Musathamange. M'buku la A. J. Quinnell la mu 1980, mmene filimuyo inachokera, nkhani imachitikira ku Italy ndipo Creasy safa. Mlembiyo anamugwiritsanso ntchito m'mabuku ena anayi. Denzel Washington nayenso sanapume. Mu 2023, mu The Equalizer 3, anapezeka ali m'katauni ka m'mphepete mwa nyanja kum'mwera kwa Italy, wovulala, wotopa, akumwa tiyi pakhonde la lesitilanti ndi kunena kuti tsopano wapeza kwawo. Dakota Fanning, Pita uja, anali momwemo, atakula, akugwira ntchito ku CIA. Sipanatenge nthawi, zigawenga za Camorra zinayamba kudzatolera ndalama kwa wogulitsa nsomba.