Zili m'kamwam'kamwa ku Kochi: chiphaso cha otsitsa katundu

Ku Kerala, kum'mwera kwa India, lole ikaima pakhomo pa sitolo si aliyense angakwere n'kuyamba kutsitsa matumba. Malamulo amene anayambira mu 1978 amafuna kuti wosenza katundu pamutu alembetse ku ofesi yoona za ntchito n'kulandira chiphaso. M'misika yambiri ntchitoyi ili m'manja mwa magulu a mabungwe a apantchito monga CITU ndi INTUC. Ndiye m'malo omwera tiyi ku Kochi funso ndi limodzi: chiphasocho ayenera kulandira ndani?

Eni masitolo nkhope zili mwee. Akuti kale ukapempha chiphaso cha mnyamata wako, a kuofesi ankafunsa ngati anasenzapo katundu, chonsecho wopanda chiphaso saloledwa kusenza. Akanaphunzirira kuti? Bwalo lalikulu la milandu ku Ernakulam linadula nkhaniyo: wantchito wa pasitolo amene ali wokonzeka kusenza asakanizidwe chiphaso chifukwa choti ndi wachilendo pantchitoyo.

Akuluakulu a pamsika, amene makosi awo anaumira pansi pa matumba a mpunga, akungopukusa mitu. Akuti sitolo iliyonse ikakhala ndi anyamata ake, ana awo adya chiyani? Dandaulo lawo ndi lomveka ndithu.

Madalaivala a malole ndiwo amaseketsa anthu mpaka tiyi kuzizira. Nkhani yawo ndi ya nokkukooli, ndalama zimene ena amalamula kuti apatsidwe atangoimirira, manja m'chiuno, kuonerera makina akutsitsa katundu. Boma la Pinarayi Vijayan linaletsa mchitidwewu kuyambira pa 1 Meyi 2018. Koma mu Seputembala 2021 lole yonyamula zipangizo za ISRO, bungwe lotumiza maroketi mlengalenga, inatsekeredwa njira ku Thumba, anthu akufuna ndalama pa katundu woti ndi makina okha angamunyamule. Chaka chomwecho woweruza Devan Ramachandran analamula apolisi kuti aliyense wofuna ndalama zoterezi azimutsegulira mlandu wolanda moopseza.

Achinyamata nawonso ali ndi yawo. Lamulo linatsitsa kulemera kwa mtolo umodzi kuchoka pa makilogalamu 75 kufika pa 55, ndipo amayi sayenera kupyola 35. Anyamatawo amaseka n'kunena kuti thumba la simenti, la makilogalamu 50, lidakali pamutu pompo.

Mukamva zonsezi, bwalo lachita bwino. Chiphaso ndi cha boma, ndipo munthu aliyense wofuna kudya thukuta lake ayenera kuchipeza mosavuta. Wongoonerera asalandire kanthu. Koma amene asenza matumba moyo wawo wonse asatayidwe: boma la Kerala liwaphunzitse kuyendetsa makina onyamulira katundu, ndipo okalamba alandire penshoni yokwanira kugula mpunga ndi mankhwala a msana.