Ulemu kwa a Ndikulowa Pompano

Anthu akamayamika masewera a Dungeons & Dragons amayamba ndi Gary Gygax ndi Dave Arneson, amene mabuku awo anatuluka mu 1974 ku Lake Geneva, m'chigawo cha Wisconsin, atasindikizidwa makope 1,000 okha. Ena amathamangira kwa Matthew Mercer ndi anzake a Critical Role, omwe kuyambira mu 2015 akhala akusewera dziko likuonerera pa intaneti. Onsewa ndi akuluakulu, sindikukana. Koma alipo munthu wina amene mbiri yamulambalala dala, chikhalirecho palibe gulu la osewera limene silinalawepo ntchito za manja ake. Ndikunena a Ndikulowa Pompano, aja amayamba ndiwo kuvomera akaitanidwa, tsiku likakwana osaoneka.

Masewerawa amafuna anthu anayi kapena asanu, aliyense ali ndi munthu wake wa m'nthano: uyu wankhondo, uyo wamatsenga, winayo mbala yodziwa kutsegula maloko. Winanso, amene amamutcha Dungeon Master kapena DM, ndiye amasimba nthanoyo n'kumayankhulira mafumu, zinjoka ndi ogulitsa mowa onse a m'dzikomo. Pakakhala chokayikitsa, dayisi ya mbali 20 ndiyo imagamula. Kale anthu ankazungulira tebulo lenileni. Lero tebulo lili pa intaneti, pa Roll20, imene inayamba mu 2012, kapena pa Foundry ya mu 2020, mawu akudutsira pa Discord. Ndiye DM amalemba uthenga woitana: Loweruka lililonse, 7 koloko madzulo, maola atatu, malo alipo asanu, ongoyamba kumene musaope.

Mphindi khumi zisanathe, a Ndikulowa Pompano ayankha kale. Ndipo sayankha mwaulesi ayi. Ena akamangolemba kuti "ndilipo", iwo amatumiza mbiri yonse ya munthu wawo, masamba ndi masamba: mudzi wake unatenthedwa ali khanda, mchimwene wake anagwidwa ndi asilikali a mfumu, iye analumbira pamanda a mayi ake kuti adzamupeza. DM amawerenga mtima uli dyokodyoko, n'kumanga theka la nthano yake pa mchimwene wosowayo. Ikafika nthawi yogawana maudindo, iwo mwaufulu amasankha wansembe wochiritsa, udindo umene gulu lonse limadalira likavulala. Munthu wamba akanasankha udindo woti akajomba anthu asazindikire. Awa amadziwa kuti kujomba kwa phindu ndi kumene kumamveka m'mafupa a aliyense.

Taonani Loweruka madzulo. Nkhope zinayi zaoneka pakamera, wina akupukuta m'manja wangomaliza kudya. Pamapu pali khomo la phanga, ndipo pakhomopo paima kachithunzi kozungulira ka wansembe wandevu uja, kali duu. Nthawi ikangopitirira pang'ono, meseji ija yagwa: "Ndikulowa pompano, achimwene." Theka la ola likadutsa, ina: "Kompyuta yayamba zake, yambani ndikupezani." Kenaka kadontho kobiriwira kapambali pa dzina lawo kamazima. Lolemba m'mawa ndi pamene amatulukira: "Pepanitu a DM. Zinayenda bwanji?"

Apa ndi pofunika kuvula chipewa. Anzathu aja amati "ndili m'njira" ali m'bafa amakhala ndi poyambira: minibasi inachedwa kudzadza, mvula inagwa, tayala linaphulika. A Ndikulowa Pompano amachedwa pa ulendo wochoka pabedi kukafika pampando, m'chipinda chimodzimodzi. Opanga Roll20 ankaganiza kuti akachotsa msewu ndiye kuti achotsa chifukwa chojombera. Sankawadziwa bwino madalawa.

Mwezi wa March ndiye nyengo yawo yokolola. Ku America amasintha mawotchi Lamlungu lachiwiri la mweziwo, ku Britain Lamlungu lomaliza, pamene wa ku Johannesburg sasintha chaka chonse. Kwa masabata awiri kapena atatu gulu la anthu okhala m'mayiko osiyana limasokonezekadi, wina kulowa ola lathunthu isanakwane nthawi, wina kupeza nkhondo yatha. Enafe chifukwa chimenechi timachigwiritsa ntchito nyengo yake yokha. Iwo amachisunga bwino n'kudzachitulutsa mu August.

Osawamvetsa amati amaononga masewera. Ine ndikuti palibe wosewera wochenjera kuposa iwo. M'malamulo a 2014, munthu wako akamenyedwa mpaka mphamvu zake zitafika pa ziro amagwa chikomokere, ndipo dayisi ikamukana katatu wapita kumanda. Obwera mokhulupirika aika maliro a anthu awo kangapo, kulira n'kupanga ena atsopano. Wansembe uja alibe ndi chipsera chomwe. DM akasowa chonena amangoti watsala kunja akuyang'anira mahatchi, ndipo mahatchi amenewo ndiwo osamalidwa bwino kuposa onse m'mbiri ya masewerawa. Anzake akakwera levulo naye amakwera, golide akagawidwa gawo lake limasungidwa. Ndiuzeni njira ina yolemerera chonchi popanda kukumana ndi chinjoka.

Komanso ndi mphunzitsi. DM amene anakonza nkhondo ya anthu asanu amaphunzira masamu a changu, kuchotsa adani atatu anzake asanazindikire kuti analipo. Otsalawo amaphunzira kuti kuona maso a nkhono n'kudekha. Ndipo m'ola lodikira lija ndi mmene anthu amene anangokumana pa intaneti amayamba kudziwana zenizeni: uyu ntchito yamuthera, uyo mwana wake wayamba kuyenda. Maubwenzi ambiri a m'magulu amenewa anawamanga ndi munthu amene panalibe.

Ukayang'anitsitsa, miyambo yambiri ya masewerawa ili ndi chidindo cha chala chawo. Masewera a tsiku limodzi, oyamba n'kutha usiku womwewo, amakondedwa chifukwa DM watopa kudikira gawo lachiwiri. Mafomu aatali amene ofuna kulowa gulu amadzaza, ofunsa ngati Loweruka ulidi mfulu, analembedwa ndi anthu amene anapsapo. Mu 2007 Ben Robbins analongosola kaseweredwe kake kotchedwa West Marches: palibe tsiku lokhazikika, palibe gulu lokhazikika, osewera alipo ambiri, ndipo amene akufuna kusewera ndiwo amamemana n'kupangana tsiku. Lero kaseweredweka kali ponseponse pa Discord, poti mmenemo mpando wosowa mwini suimitsa nthano. Pa webusaiti ya StartPlaying ma DM amalipiritsa mpando uliwonse, podziwa kuti munthu akatulutsa ndalama nthawi amaikumbukira. Ndiye kuti a Ndikulowa Pompano, osatuluka m'bulangete, apezera anthu ntchito. Nduna zina zimalephera zimenezi.

Koma ukulu wawo wonse umaoneka tsiku limene abweradi. Zimachitika, kamodzi pakanthawi. Amalowa nthawi yake yeniyeni, gulu lonse kukamwa yasa. Maikolofoni yawo ikubweza mawu a aliyense, kumbuyo kukumveka wailesi ndi mapoto. Amafunsa kuti kodi tili kuti, uyu wavala chisoti ndani. Akawauza kuti ndi mfumu imene gulu lakhala likuinyengerera miyezi itatu kuti ilithandize, iwo amakumbukira mwadzidzidzi mchimwene wawo uja anagwidwa ndi asilikali. "Ndikuimenya ndi chibonga." Onse amakuwa kuti ayi, dikirani kaye. Dayisi yagubuduka kale pasikirini, ndipo yagwa pa 20.

Usiku umenewo DM amakhala mpaka tambala woyamba akulembanso nthano yonse, poti mfumu yafa ndipo gulu lili m'ndende. M'mawa mwake amatumiza uthenga kuti Loweruka likudzali tikumana 7 koloko mwa nthawi zonse. A Ndikulowa Pompano amayankha kuti masewera anawakomera kwabasi, sadzajombanso. Anthu anayi, aliyense m'dziko lake, amayamba kupempherera kompyuta ija kuti iyambirenso zake.