Kupindika kwa Thabwa la Bawo ndi Mankhwala Ake

Thabwa la bawo limapindika pamene mbali imodzi yauma msanga kuposa inzake. Chifukwa chachikulu ndi chomwechi, ngakhale kuti pamakonde a magulosale ndi pansi pa mitengo ya mango m'midzi yozungulira nkhalango ya Kuti, kuyambira pa boma la Salima mpaka ku Senga Bay, pamamveka zifukwa zina zochuluka: kaduka ka anthu a mudzi wina, dzanja lolemera la alamu, ndi kutha kwa amisiri enieni m'dziko muno. Zifukwa zimenezi amazidziwa bwino ndi munthu amene wangogonja kumene.

Thabwa lokwanira lili ndi mizere inayi ya maenje asanu ndi atatu, onse pamodzi 32, ndipo awiri mwa maenjewo, otchedwa nyumba, amasemedwa a ngodya zinayi. Nkhomo zimakhala 64, wosewera aliyense 32. Kapangidwe kameneka n'kofanana ndi ka bao ya ku Zanzibar. Ntchito ya thabwa ndi imodzi yokha, kukhala phee pamene aliika, ndipo likalephera imeneyi limalephera m'njira zitatu. Lina limakwera m'mbali n'kutsika pakati ngati bwato. Lina limapinda m'litali, mitu yonse iwiri n'kudzuka. Lachitatu, lomwe ndi lovuta zedi, limapotoka: ngodya ziwiri zopingasana zimakhudza pansi, zina ziwiri zili m'malere, moti wosewera akaponya nkhomo mwaukali kuno, nkhomo za mnzake zimadumpha uko.

Mtengo wodulidwa kumene umakhala wodzaza madzi. Madzi oyamba kutuluka sasintha kukula kwa thabwa. Kukhwinyata kumayamba chinyezi chikatsika kufika pafupifupi magawo 30 pa 100 alionse. Kuyambira pamenepo thabwa limakhwinyata likamauma ndipo limafufuma likamamwa chinyezi, ndipo silisiya khalidweli ngakhale litakalamba chotani. Vuto n'lakuti silikhwinyata mofanana. M'litali silisintha kwenikweni. Motsata mizere yozungulira ija imene imaoneka pachitsa limakhwinyata pafupifupi kawiri kuposa mopingasa mizereyo, n'chifukwa chake thabwa lochekedwa cham'mbali mwa chipika limapinda m'mphepete mwake kuthawa mtima wa mtengo. Bawo limadziwonjezera tsoka lake: kumwamba kuli maenje 32 otulutsira madzi padzuwa, pamene kunsi n'kosalala ndipo kwagona padothi lonyowa. Nkhope imauma, msana uli chinyowere. Mbali youma ndiyo imalowa m'kati.

Mitengo imasiyana mtima. Mlombwa ndi wodekha, sukhwinyata kwambiri, ndipo amisiri amaukonda pachifukwa chomwechi. Mbawa nayo ndi yodalirika ikauma bwino. Phingo ndi wolimba, wolemera ndi wakuda, koma kawirikawiri thunthu lake silikula moti n'kutulutsa thabwa lalikulu. Bulugama amapotoka ndi kung'aluka mosachita manyazi, ndipo paini wa ku Chikangawa ndi wofewa, amamwa chinyezi msanga. Lamulo la zankhalango la 1997 limateteza mitengo yachilengedwe, ndipo mitengo ya mumpanda wa Kuti inasiyidwira mbidzi ndi mphalapala. Mwina n'chifukwa chake thabwa lililonse la mlombwa logulitsidwa m'mbali mwa msewu limachokera ku mtengo umene unagwa wokha. Mitengo ya m'boma la Salima, malinga ndi umboni wa ogulitsa, imagwa yokha kwambiri.

Amisiri a matabwa ali ndi muyeso wakale wakuti thabwa loumitsidwa ndi mphepo lifuna chaka chimodzi pa inchi iliyonse ya kunenepa kwake. Thabwa la bawo limanenepa mainchi awiri kapena kuposa kuti maenje akuye. Wosema ziboliboli amene ali ndi ana asukulu sangadikire zaka ziwiri, komanso mtengo wauwisi ndi wofewa kusema. Choncho thabwa limasemedwa Lolemba, limapakidwa polishi wa nsapato Lachinayi, ndipo Loweruka lili pamsewu wa ku Senga Bay likuwala. Wogula akafunsa ngati ndi louma, yankho limakhala lakuti, "Bwana, ili linauma kalekale, agogo anga analipeza louma." Matabwa opinda pakati, amene alendo amawakonda chifukwa amalowa m'chikwama, amaonetsa choonadi patapita milungu ingapo, pamene akana kutsekeka. Nthawi imeneyo mwini wake amakhala ali ku London, kumene sangabwerere kudzadandaula.

Nyengo ya kunyanja imamaliza ntchito imene wosema anaiyamba. Mu Okutobala ndi Novembala dzuwa la ku Salima limawamba chilichonse chosiyidwa pabwalo. Kuyambira Disembala mpaka Malichi mvula imagwa, madambo a ku Lifuwu amadzaza madzi a mpunga, ndipo chinyezi chimalowa mpaka m'mabokosi a zovala. Kenako mwera umawomba mu Juni ndi Julayi, zinthu n'kuumanso. Thabwa limatsatira zonsezi, kufufuma ndi kukhwinyata chaka ndi chaka, ndipo likakhala kuti mbali imodzi ndi yopaka vanishi, ina yosapaka, kupindika kumabwera msanga. Ambiri amapaka kumwamba kokha poti kunsi palibe amene amaonako.

Koma zimene zimapha matabwa ambiri zili pakhomo. Bawo limaseweredwa masana okha. Nthawi yotsalayo thabwa limagwira maganyu. M'mawa limakhala mpando wa mwana amene akudya phala. Likatembenuzidwa limasanduka poduliramo tomato, poikapo poto wotentha, kapena chivundikiro cha ndowa ya madzi, ndipo pantchito yomalizayi nkhope yake imamwa chinyezi usiku wonse. Pakhomo pa msodzi limatha kupsinja ukonde kuti usauluke, kapena kuyanikirapo usipa wotsala pathandala. Amayi a pakhomo sakhala ndi chifukwa cholimvera chisoni, chifukwa kwa iwo thabwali ndi limene limasunga abambo pakhonde la gulosale kuyambira 10 koloko m'mawa mpaka nsima ya madzulo itazizira. Bambo akafunsa amene waika poto pabawo, amayankhidwa kuti, "Bambo, ndimati mmodzi mwa inu awiri agwireko ntchito." Mlandu umathera pomwepo.

Pamasewera, kupindika kumabala milandu yamitundumitundu. Dzenje lodzaza, makamaka nyumba, limataya nkhomo thabwa likagwedezeka, ndipo nkhomo yogwera m'dzenje loyandikana imasintha chiwerengero chonse. Bawo ndi masewera owerenga: nkhomo imodzi ndiyo imasiyanitsa kudya ndi kutakata. Apa pamabuka magulu awiri a akatswiri. Loyamba limati nkhomo ibwerere kumene yachokera, lachiwiri limati yagwa yagwa, ndipo munthu mmodzi yemweyo amatha kukhala m'magulu onse awiri tsiku limodzi, malinga ndi kumene nkhomo yagwera. Oonerera, amene pabawo amachuluka kuposa osewera ndipo amadziwa kuposa osewera, amaweruza mokomera amene wawagulira tiyi. Pamakhalanso nkhani ya mbali. Thabwa lopendekera lili ndi kumtunda ndi kumunsi, ndipo madala a pamalopo amadziwa mbali yabwino. Mlendo amalandiridwa mwaulemu wonse: "Khalani apa, achimwene, pali mthunzi." Mthunzi umapezeka kumunsi nthawi zonse.

Chithandizo choyamba, chimene chimadziwika kulikonse, ndi kulowetsa kanthu pansi pa ngodya yodzuka: kamwala, chidutswa cha katoni, bokosi la machesi, kapena patapata wa wosewera wamng'ono pa onse. Njirayi sichiza kanthu, koma imatha kukhala zaka zambiri, mpaka kamwalako kamayamba kusungidwa pamodzi ndi nkhomo. Chithandizo chachiwiri ndi kupempha munthu wonenepa pagulu kuti akhalire thabwalo. Thabwa limawongoka ndithu nthawi yonse imene iye alipo, ndipo limabwerera akangonyamuka. Chachitatu ndi kulikhomera pabenchi ndi misomali ya malata, njira imene imasandutsa thabwa lopindika limodzi kukhala matabwa awiri owongoka.

Njira yoona ndi yophweka koma imafuna kudekha. Poti mbali yolowa m'kati ndiyo youma, iyeneranso kumwa chinyezi pamene inzake ikuuma. Thabwa limaikidwa chafufumimba, mbali yolowayo pansi, paudzu wonyowa kapena pansalu yonyowa yofinya bwino, msana wotukukawo n'kuyang'ana dzuwa. Pa dzuwa la ku Salima kusintha kumaoneka m'maola ochepa, choncho pafunika munthu wolondera amene aziliona pafupipafupi poyala chinthu chowongoka pamwamba pake. Likangowongoka lichotsedwe msanga, chifukwa likachedwa limapindikira mbali inayo. Apa ndi pamene ntchito zambiri zimaonongekera: wolondera amaitanidwa kukaonerera masewera ena, ndipo pobwera amapeza kuti kumtunda kwasanduka kumunsi, madala onse ataya mipando yawo. Thabwa lowongoka limalowetsedwa m'nyumba, pamthunzi, kuikidwa pa timitengo towongoka tofanana kuti mphepo izidutsa pansi, timitengo tina pamwamba, kenako njerwa. Likhale choncho milungu iwiri kapena itatu. Palibe kuliyandikitsa kumoto, palibe kuliviika m'nyanja, ngakhale kuti njira ziwirizi zili ndi alangizi ake okhulupirika.

Milungu itatu yopanda bawo ndi chilango chimene magulu ambiri sangachipirire. Tsiku lachitatu wina amachotsa njerwa kuti angoona. Tsiku lachinayi amasewera kamodzi kokha koyesera.

Thabwa limene linapindika chifukwa linasemedwa lauwisi, kapena lopotoka, silimva za udzu wonyowa. Limawongoka lero n'kubwerera mawa. Limeneli mankhwala ake ndi kalipentala, amene amapala kunsi mpaka ngodya zonse zinayi zitakhala pansi, kapena kuikako timiyendo titatu, poti chinthu cha miyendo itatu sichigwedera ngakhale pansi patakhala pokumbika. Angathenso kumangirira timatabwa tiwiri mopingasa kunsi, koma mabowo a zomangira akhale otakasuka pang'ono kuti thabwa lizipuma, apo ayi ling'aluka. Ntchito yonseyi ndi ya ola limodzi. Imatenga mwezi, chifukwa kalipentala ali ndi mabokosi a maliro ndi zitseko zimene eni ake analipira, pamene gulu la bawo linalonjeza kusonkha. Mawu akuti "mubwere mawa, madala" amanenedwa mwaulemu tsiku lililonse, ndipo nthawi zina thabwa limapezeka likuseweredwa kuseri kwa shedi ya kalipentalayo.

Likawongoka lipakidwe mafuta a matabwa kapena vanishi mbali zonse, kumwamba, kunsi, m'maenje, makamaka kumitu kumene madzi amatulukira msanga. Oyilo wakutha wa galimoto amaingitsa chiswe koma amadetsa nkhomo, manja ndi malaya a Lamulungu. Mafuta ophikira amanunkha pakapita nthawi ndipo amaitana nyerere, kuwonjezera pa mlandu wa kukhitchini.

Dirafuti nayo ili ndi mavuto ake a kupindika. Thabwa lake, la mabokosi 64 ojambulidwa ndi bolopeni kapena penti, limakhala la pulaiwudi yotsala kapena katoni ya sopo, ndipo asilikali ake ndi zitsekerero za mabotolo, khumi ndi ziwiri zoyang'ana kumwamba, khumi ndi ziwiri zovundikira. Pulaiwudi ikanyowa imafufuma n'kuyamba kusendeka, ndipo poti dirafuti ilibe maenje, zitsekerero zimatsetsereka zokha. Zimaonedwa kuti zimatsetserekera kutsogolo pamene mwini wake akuyang'ana, osati kumbuyo. Pulaiwudi yosendeka imapakidwa guluu wa matabwa pakati, n'kupsinjidwa ndi njerwa usiku wonse. Katoni imayalidwa pansi pa mphasa kapena matiresi kwa masiku angapo, koma kupempha katoni ina kugulosale n'kwachangu.

Kuwongola mtengo m'poyamba, ndipo kupewa kumayambira pogula. Thabwa lauwisi limalemera kuposa msinkhu wake, limazizira m'manja ndipo limamveka mogonthera likagogodedwa, louma limalira. Wogula aliike pasimenti yosalala n'kukanikiza ngodya iliyonse, ayang'anenso kumutu kwake: mizere ikakhala yoimirira, thabwalo ndi lodekha, ikakhala yopinda ngati uta, lidzapindika. Pakhomo lisungidwe pamthunzi, kutali ndi malata otentha ndi khoma lonyowa, litagona pa timitengo kapena litaimirira chammbali pomwe mphepo ifika mbali zonse ziwiri. Posewera pakhale mphasa kapena benchi pansi pake, ndipo nkhomo zisungidwe m'kathumba. Lisagone panja.

Lamulo lomalizali ndi limene limavuta, chifukwa limafuna kuti thabwa likhale ndi mwini. Thabwa la pagulosale lilibe mwini mvula ikamabwera; aliyense amathawa ndi njinga yake, poganiza kuti mnzake alilowetsa. Lilibenso mwini pa tsiku losonkha ya vanishi. Eni ake amaonekera pamene mlendo wafunsa mtengo wake, ndipo amatha kufika asanu, aliyense ndi mbiri ya malume ake amene analisema. Palinso chifukwa china chimene sichinenedwa poyera. Pathabwa lowongoka, wogonja amagonja yekha, pamaso pa ana ndi a kabaza. Pathabwa lopindika amagonjetsedwa ndi thabwa. N'chifukwa chake maganizo okonza amabwera ndi amene akupambana sabata imeneyo, ndipo amakanidwa ndi ochuluka.

Thabwa likang'aluka kudutsa m'maenje, kapena chiswe chikalidya kunsi, ntchito yake ya bawo yatha. Limapita kukhola kukakhala modyera nkhuku, ntchito imene maenje 32 amaigwira bwino, ndipo pambuyo pake kumoto. Nkhomo zimasungidwa, zosowa zimalowedwa m'malo ndi timiyala, ndipo gulu limakumba maenje pansi pa mango n'kupitiriza kusewera podikira msonkhano wokambirana zogula thabwa latsopano.