Kalata Yochokera ku Joni: Timange Nkhokwe ya Nthawi

Berea, Johannesburg

Okondedwa Amalume,

Ndikhulupirira muli bwino pamodzi ndi banja lonse ku Nakatindiko. Ine kuno ndili moyo, kungoti khosi lapindika chifukwa choyang'ana wotchi.

Mawu anu a pa WhatsApp aja, a mphindi 14, ondidzudzula kuti ndinatchona, ndinawamva. Ndinawamvera masiku atatu, pang'onopang'ono ngati mankhwala a malungo. Amalume, sindinatchone. Chandisowa ndi nthawi. Chodabwitsa n'chakuti ikakwana 12 koloko ku Livingstone, kunonso imakhala 12 koloko. Koma kwanuko, ola limodzi munthu amapereka moni, kufunsa za odwala, kudya nsima, n'kugonako pang'ono. Kuno ukangoyetsemula ola latha, ndipo bwana wakudula kale malipiro.

Ndiye ndapeza nzeru, koma musauze anthu.

Ndikatsegula zenera ndimaona chinyumba chotchedwa Ponte. Anachimaliza mu 1975, n'chotalika mamita 173, nsanjika zake zoposa 50. N'chozungulira ngati nkhokwe, ndipo pakati pake pali mphako kuyambira pansi mpaka pamwamba, moti ukaima pansi umaona thambo ngati chule wa m'chitsime. Pa zaka zimene chinasowa ochisamalira, anthu ankataya zinyalala m'mphakomo mpaka mulu unakwirira nsanjika zingapo, kenako anadzachotsa. Ndinadzifunsa kuti, ngati mphako inasunga zinyalala zaka zonsezo, ingalephere bwanji kusunga nthawi?

Koma simenti sikula, Amalume. Nyumba yathu iyenera kukhala yamoyo ngati mlambe uja munandionetsa popita ku mathithi. Mlambe umamwa madzi nthawi ya dzinja n'kuwasunga m'thunthu, chilimwe chikafika umayoyola masamba osadandaula, ndipo umatha kukhala zaka zoposa 1,000. Ukakalamba umadziboolera wokha chipinda m'kati, popanda mmisiri wothawa ndi ndalama za njerwa. Tingouphunzitsa kumwa maola m'malo mwa madzi.

Chipinda cha pansi chidzakhala cholandirira katundu, ndipo katunduyo ku Nakatindi ndi wambwee. Maola amene mumathera pa nsolo, tidzathira momwemo. Msonkhano woitanidwa 9 koloko n'kuyamba 11 koloko, maola awiriwo momwemo. Mlendo akanena kuti "ndapita" koma n'kuima pageti mpaka dzuwa kulowa, timutsatire ndi thumba.

Chipinda cha pakati ndi chosanjira miyezi kuti ifanane. Mukudziwa kuti Disembala amatha masiku atatu okha, pomwe Januwale amakhala ndi masiku 60, aliyense ali ndi ngongole yake. Mtengo wathu udzadula mchira wa Januwale n'kuulumikiza kwa Disembala. Tsiku la malipiro lidzatalika, la lendi lizidutsa usiku anthu ali mtulo.

Kunthambi kudzabala malambe, ndipo chibalobalo chilichonse m'kati mwake muli Loweruka lathunthu. Muzidzapakira m'matumba n'kukweza basi yodzera pa mlatho wa Kazungula, uja anatsegula mu 2021, kudutsa Botswana mpaka pa Park Station. Ine ndizidzagulitsa kwa anzanga olondera usiku ndi otsuka mbale. Apamalire akafunsa za msonkho, muwauze kuti nthawi ndi ya Mulungu.

Malo abwino ndi Livingstone basi, chifukwa tauni yathu ntchitoyi inaiyamba kale. Pamene likulu linkasamukira ku Lusaka mu 1935, anatenga mabwana ndi mapepala, changu chonse n'kupita nacho, koma nthawi anatisiyira. Ngakhale nyumba yosungiramo zinthu zakale ija ili ndi nsanja ya wotchi, kungoti iwo amasunga nthawi yakufa. Yathu idzakhala yaiwisi.

Chondidetsa nkhawa ndi njovu za m'paki ya Mosi-oa-Tunya zimene zimakuyenderani usiku osagogoda. Zimakonda kusenda makungwa a mlambe kuti zitafune chinyezi chake. Imodzi ikadzangoluma pamene tasunga Lachisanu, anthu onse a ku Nakatindi adzagona Lachinayi n'kudzuka Lolemba ali ndi mutu wa mowa umene sanamwe. Mudzalembe mlonda, tizidzamulipira maola.

Ndatumiza ma rand 300 a maziko. Musadabwe kuchepa, maziko a nyumbayi ndi njere imodzi. Mugule malambe pa msika wa Maramba, ana amung'unye ufa wake, njereyo mubzale kuseri kwa nyumba. Zotsalazo mugule ndiwo. Anthu adzakusekani kuti mlambe umachedwa kukula, koma inu ndi amene muli ndi nthawi yodikira, n'chifukwa chake ndakusankhani kukhala bwana wa kampani.

Poyembekezera kuti ukule, mundisungireko masana amodzi athunthu pansi pa mtengo wa mango uja. Ndidzawatenga pa Khirisimasi. Wotchi ndidzaisiya kuno, ndipo mawu anu a mphindi 14 aja mudzawabwereze pamaso, osadumpha kalikonse.

Ndine mphwanu wosatchona,

Mabvuto