Maso a nkhono, miyendo ya bulu

Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo sankanama. Maso a nkhono amakhala kunsonga kwa tinyanga tiwiri titalitali tija. Ukangoiputa pang'ono imatibweza mkati, iwe n'kutsala ukupenyetsetsa chigoba. Chomwe mwambiwu sunanene n'chakuti kudekhako kungathe kuikidwa pamsika, kukhala ndi mtengo wake, lisiti lake ndi tsiku lake lonyamukira. Ku France zimenezi zinatheka kalekale. Kuli makampani omwe ntchito yawo ndi kusonkhanitsa anthu a ndalama zawo, kuwapatsa namulondola, n'kuwayendetsa pansi sabata yathunthu kuchoka mudzi uno kupita winawo, iwo n'kumalipira akumwetulira.

Ulendo wake umayamba ndi liwiro. Munthu amakwera TGV ku Paris, sitima yothamanga mpaka makilomita 320 pa ola, ndipo pakatha maola awiri amakhala ali ku Lyon. Kumeneko amasintha n'kukwera ina yaing'ono yodzera ku Saint-Étienne, mpaka kukatsikira ku Le Puy-en-Velay. Changu chonsecho n'choti m'mawa mwake ayambe kuyenda makilomita anayi pa ola, ndodo ziwiri m'manja ngati kuti imodzi ndi yosakwanira. Kwathu kuno munthu wotchena akaoneka akudula makilomita 20 wapansi dzuwa likuswa mtengo, anthu amanong'onezana kuti ya kabaza yamuthera. Kumeneko woyenda pansi ndi amene zake zili bwino.

Ku Le Puy n'komwe kumayambira mbali yotchuka ya njira ya GR 65, mbali ya makilomita pafupifupi 750 yokathera ku Saint-Jean-Pied-de-Port, m'tsinde mwa mapiri a Pyrénées. Ndi njira yakale ya amwendamnjira opita ku Santiago de Compostela ku Spain, ndipo bishopu wa ku Le Puy, Godescalc, anayenda ulendo umenewu cha m'ma 950. Ambiri masiku ano amangodula chigawo choyamba, makilomita pafupifupi 200 mpaka ku Conques, chomwe chimadya masiku khumi kapena kucheperako pang'ono. Kusochera kumafuna khama. Pamitengo, pamiyala ndi pazipupa pali timizere tiwiri ta penti, koyera pamwamba kofiira pansi, ndipo pomwe timizereto tapingasana ndiye kuti walowera kolakwika, bwerera. Kachitidweka kanayamba mu 1947 ndi gulu la okonda kuyenda lomwe munali Jean Loiseau, wa ku Banque de France, ndipo mpaka lero opaka pentiyo ndi anthu ongodzipereka, osalandira kanthu.

Nanga njira ikakhala yolembedwa chonchi, namulondola ndi wachiyani?

Yankho lapapepala n'lakuti amadziwa nyengo, zomera, mbiri ya matchalitchi ndi kamangidwe ka bondo lobinya. Wotsogolera anthu m'mapiri molandira malipiro ku France amayenera kukhala ndi dipuloma ya boma. Koma ntchito yake yeniyeni ndi yokhala mabuleki. M'gulu lililonse simulephera kukhala bambo wina wa wotchi yowerenga mapazi, amene kuofesi anazolowera kumaliza zonse anzake asanayambe. Gulu likaima kuti lione kasupe, iye amakhala ali pa kilomita yachitatu kutsogolo, ndodo zikulira kakaka pamiyala. Amafika m'mudzi wogonamo 1 koloko masana, thukuta lili kamukamu, nkhope ya munthu wopambana mpikisano. Mpikisanowo mphotho yake imakhala iyi: nyumba yogona alendo sitsegula mpaka chakumadzulo, kashopu ka m'mudzimo katsekedwa chifukwa mwini wake wapita kukadya, ndipo chikwama chake chachikulu chidakali m'galimoto yonyamula katundu, yomwe ikutula zikwama za ena m'midzi ina. Bamboyo amakhala pamasitepe a tchalitchi maola awiri, atavula nsapato, akuwerenga matuza. Kudekha komwe anakukana m'njira kumamupeza pomwepo, popanda cha kuona.

Wochedwa kwambiri nayenso ali ndi chilango chake. Khitchini ya lesitilanti ya kumudzi ikangokwana 2 koloko imazimitsa moto, ndipo kulira njala sikuuyatsanso. Komanso wolowa m'shopu ya buledi n'kuyamba kuloza chomwe akufuna asanapereke moni amagulitsidwa ndithu buledi wakeyo, koma mayi wogulitsa amamupatsira ndi nkhope yoti sadzaiwala.

Midzi yomwe amadutsamo nayo ili ndi nkhani yake yoseketsa. Mu 1982 Charles Ceyrac, meya wa Collonges-la-Rouge, mudzi womangidwa ndi miyala yofiira, anayambitsa bungwe la Les Plus Beaux Villages de France, losonkhanitsa midzi yokongola koposa m'dzikomo. Kuti mudzi ulowemo, anthu ake asapose 2,000, ukhale ndi malo kapena nyumba zosachepera ziwiri zotetezedwa ndi boma, ndipo oyendera amabwera kudzauunika; wotayirira amauchotsa. Pa GR 65 pali ingapo: Saint-Côme-d'Olt, womwe nsonga ya tchalitchi chake ndi yopotoka, Estaing, komwe Valéry Giscard d'Estaing, pulezidenti wakale, anagula nyumba yachifumu mu 2005, ndi Conques. Ukafunsa chomwe chinasunga kukongolaku, yankho lake silikhala lonyaditsa kwenikweni. Achinyamata anathawira m'mizinda, ndalama zogumulira nyumba zakale n'kumanga zamakono kunalibe, ndipo mudzi unangokhala momwe unalili. Wotsalira m'mbuyo uja lero ndi amene akujambulidwa. Saint-Cirq-Lapopie, mudzi wa anthu pafupifupi 200 wokhala paphedi pamwamba pa mtsinje wa Lot, mu 2012 unasankhidwa pa TV kuti ndi mudzi wokondedwa koposa ndi Afalansa, ndipo alendo ake pachaka amawerengedwa m'mazana a zikwi. Okafuna bata kumeneko m'mwezi wa Ogasiti amakapezako anzawo onse ofuna bata.

Madzulo ndi nthawi ya chakudya, ndipo pachitunda cha Aubrac, dziko la ng'ombe za nyanga zazitali, amakupatsa aligot: mbatatesi yopota yosakaniza ndi tchizi ndi adyo, yomwe wophika amaitukula ndi mthiko mpaka kupyola mutu wake osaduka. Ukaidya, za makilomita a mawa umasiya kaye kuziganiza. Nkhono nazo zimapezeka pamndandanda wa zakudya m'malo ambiri a ku France, zisanu ndi imodzi kapena khumi ndi ziwiri m'mbale ya timaenje, zikusambira m'batala. Apa mwambi uja umavutika pang'ono, chifukwa munthu amaiyandikira nkhono kuposa kale lonse, koma maso aja anapsa kale. Chikhalirecho boma linaiteteza: lamulo la mu 1979 limaletsa kutola nkhono yotchedwa escargot de Bourgogne kuyambira pa 1 Epulo mpaka pa 30 Juni, nthawi yomwe imaswana, ndipo ya chigoba chosakwana masentimita atatu sitoledwa mwezi uliwonse. Zambiri mwa zomwe zimadyedwa ku France zimachokera kum'mawa kwa Ulaya, m'mayiko ngati Poland ndi Romania. Nkhono ya m'mbaleyo inayenda ulendo wautali kuposa woidya, ndipo inayenda pa lole.

Pa midzi yonseyi, womwe umapereka mayeso enieni ndi Conques. Umabisala m'chigwa, moti woyenda amauona atatsala pang'ono kuuponda, atatsika kanjira kotsetsereka komwe mawondo amakakumbukira kwa masiku. Chuma cha mudziwu chinabwera ndi munthu wodekha kuposa onse m'mbiri ya derali, kungoti anali wakuba. Mafupa a Foy woyera, kamtsikana komwe kanaphedwa chifukwa cha chikhristu ku Agen cha m'ma 303, ankakopa amwendamnjira ndi zopereka zawo ku Agen komweko, pamene amonke a ku Conques ankangoyang'ana msewu wopanda anthu. Nkhani yomwe imasimbidwa ndi yoti mmodzi wa iwo anapita ku Agen, n'kukhala kumeneko zaka khumi akudzionetsa ngati munthu wokhulupirika, mpaka anamupatsa udindo wolondera mafupawo. Cha m'ma 866 anawanyamula usiku n'kuliyatsa liwiro la kwawo. Zaka khumi zodekha, usiku umodzi wothamanga. Amwendamnjira anatsatira mafupa, ndipo tchalitchi chachikulu chomwe chilipo lero chinamangidwa ndi zopereka zawo. Akuluakulu aja sananene kuti wodekha aliyense ali ndi zolinga zabwino.

Pamwamba pa khomo la tchalitchicho pali chosema cha Chiweruzo Chomaliza chokhala ndi zithunzi 124. Wothamanga amachijambula pafoni kamodzi n'kupita kukafuna mowa wozizira. Woima mphindi makumi awiri, khosi likuwawa, amayamba kuona zinthu. Kumbali ya Gehena kuli munthu waumbombo atapachikidwa, thumba la ndalama lili m'khosi. Chapakona, mlenje wosaka m'nkhalango ya eni wamangiriridwa kumtengo wootchera nyama, ndipo mmodzi mwa omuwotchawo ndi kalulu. Ndiye m'mphepete mwenimweni mwa chosemacho muli tianthu tomwe tabisala kuseri kwa lamba wa mwala, tikuoneka maso ndi zala zokha, tikusuzumira kuti tione mlandu ukutha bwanji. Takhala tikusuzumira chomwecho zaka 900. Namulondola wabwino salankhula kanthu pamenepa. Amangodikira mpaka wina m'gulumo atafuula kuti waona maso, kenaka onse amayamba kuloza. Mkati muli mawindo a Pierre Soulages, omwe anamalizidwa mu 1994, otuwa, opanda chithunzi cha woyera aliyense, ndipo mtundu wa kuwala kwake umasintha malinga ndi pomwe dzuwa lili. Amenewanso safuna munthu wokhala ndi basi yomudikira.

Omwe namulondola wa miyendo iwiri wawalephera amapatsidwa wa miyendo inayi. Chakum'mwera kwa Le Puy kuli njira ina, GR 70, yodutsa m'mapiri a Cévennes, komwe mabanja amabwereka abulu onyamula katundu. Bulu salabada za wotchi ya munthu. Akaona udzu wabwino amaima, akaona chithaphwi amaima kuti aganize. Mwambo umenewu unachokera kwa Robert Louis Stevenson, mlembi wa ku Scotland, yemwe mu 1878 anayenda masiku 12 kuchoka ku Le Monastier-sur-Gazeille kukafika ku Saint-Jean-du-Gard ndi bulu wamkazi dzina lake Modestine, amene anamugula pa mafranki 65 ndi tambula ya burande. Tsiku loyamba lomwelo bulu anayamba kuyenda mwa chinkhono, katundu n'kumapendekera pansi, anthu a m'midzi n'kumaseka. Stevenson anayesa kunyengerera, anayesa mkwapulo, mpaka mwini nyumba ina ya alendo anamupangira kandodo kokhala ndi singano kunsonga. Ku France lero amamutenga ngati kholo la oyenda modekha, dzina lake lili pazikwangwani m'njira monse.

Kholo lodekhali litafika ku Saint-Jean-du-Gard, wosamalira mahatchi ananena kuti Modestine wafooka, apume masiku awiri. Stevenson anali ndi makalata omudikira ku Alès, ndipo masiku awiriwo anamutalikira. Anagulitsa buluyo pa mafranki 35, chishalo chomwe, n'kukwera ngolo ya mahatchi. Ali m'ngolomo anayamba kumulira.