Chakudza masiku ano chimayimba foni

Makolo athu anati chakudza sichiyimba ng'oma, ndipo pa nthawi yawo sankanama. Mlendo, dzombe, msilikali wa msonkho ndi mwini ngongole, onsewa ankangotulukira osatumiza mthenga. Unkamva "odi" munthu ali kale pabwalo, iwe uli ndi mbamu m'manja, ndiwo ili nkhuku, chikhalirecho dzulo lake unalumbira pali manda a agogo ako kuti m'nyumba mulibe ngakhale khobidi. Lero mwambiwu uli pamavuto. Chakudza chimayimba ndithu, kungoti ng'oma chinasiya, chinagula foni. Chimayamba ndi kufulasha, kenako uthenga wa moni, kenako kuyimba kwenikweni, dzina lake lili mbee pagalasi. Ndiye poti chakudza chinayamba kuchenjeza, pabadwa mtundu wa anthu omwe luso lawo lonse ndi kuchizinda.

Ku America anthu ozinda ali ndi dzina, ngakhale kuti kumeneko limagwira ntchito pabwalo la masewera. Kuli masewera otchedwa dodgeball, ndipo wosewera wake pocheza amamutcha dodgeballer. Dzinali ndi lapabwalo, lotchulana osewera okhaokha ndi owatsatira, ndipo nthawi zambiri limatuluka ndi kamseko pang'ono, chifukwa sizimveka bwino kuti bambo wandevu zake, wa ana kusukulu, ntchito yake ya Loweruka ikhale kuthawa mpira.

Kaseweredwe kake n'kosavuta. Pamakhala magulu awiri, pa mpikisano osewera 6 mbali iliyonse, ndi mzere pakati. Mipira ingapo imandandalikidwa pamzerepo, wezulo ikalira onse n'kuithamangira. Ukagenda mnzako mpira n'kumukhudza usanagunde pansi, ameneyo watuluka. Koma akauwakha, wotuluka ndiwe wogendawe, ndipo mnzake mmodzi yemwe anali panja amabwereranso. Gulu lomwe latha anthu lagonja.

Kwa zaka zambiri awa anali masewera a ana asukulu, ndipo sukulu zina zinawaletsa poti amasandutsa mwana wofooka kukhala chandamale cha anzake. Mu 2019 ofufuza ena a ku Canada anafika ponena kuti masewerawa amaphunzitsa ana kupondereza anzawo. Akuluakulu anawatengera pamtima makamaka itatuluka filimu ya mu 2004 ya Ben Stiller ndi Vince Vaughn. Mu 2012 ophunzira 6,084 a pa University of California, Irvine anagendana pa masewero amodzi, ndipo mu 2016 ku Manchester kunachitika chikho cha dziko lonse. Chomwe chimandisangalatsa ine ndi nkhani ya m'filimu ija. Mwini malo ang'onoang'ono olimbitsira thupi walephera kubweza ngongole, akufunika madola 50,000 kuti malowo asalandidwe, ndiye iye ndi anzake akupita ku Las Vegas kukapikisana pa kuzinda mpira. Mphunzitsi wawo wokalamba akuwaphunzitsa powagenda ndi masipanala. Ngakhale ku Hollywood anaona kuti kuzinda ndi ngongole ndi pachibale.

Ifeyo sitinafunike filimu, tinali ndi fulaye. Mpira wake wa majumbo omangidwa ndi linya, bwalo lake msewu wafumbi kapena kuseri kwa kalasi, wogenda mmodzi uku wina uko, wozinda pakati. Atsikana ankapinda diresi, n'kumadumpha, kuwerama, kutambalala m'malere, kupotokola chiuno mpira n'kudutsa pomwe panali mimba. Malamulo ankasiyana dera ndi dera. Kwina wapakati akawakha mpira ankauponya kutali kuti apeze mpata wowerenga zigoli kapena wodzaza botolo ndi mchenga. Anyamata omwe ankati fulaye ndi masewera a atsikana nthawi zambiri anali omwe anayesapo n'kufa pa mpira woyamba.

Koma wosewera fulaye sitinamupatse dzina lakelake, ndipo ndikuganiza kuti ndikudziwa chifukwa chake. Dzina la luso limapatsidwa pa chinthu chomwe ena amachita, ena sachita. Pali mmisiri chifukwa si tonse timasema mipini. Pali mlenje chifukwa ambirife nyama timaipeza kwa abutchala. Nanga ozinda tingawasiyanitse ndi ndani? Fulaye sitinasiye, tinangosintha mpira.

Wozinda woyamba kumene amadziwika ndi mabodza aatali. Foni inali pa tchaji kwa aneba, mwana anaiseweretsa, netiweki ya kuno ndi yovuta, ndinali pamaliro. Ameneyu sakhalitsa pakati, chifukwa maliro a azakhali amodzi sangachitike katatu pa chaka, ndipo eni ngongole amasunga kaundula wa omwalira kuposa a mpingo. Wokhwima pang'ono amayankha foni, koma amayankha ali kale paulendo: "Alamu, ndili mu minibasi, phokoso, ndikuyimbirani ndikatsika." Minibasi imeneyo sifika. Inanyamuka ku Limbe mu Januwale ndipo mpaka lero ikutolabe anthu.

Ndiye pali akatswiri. Katswiri amatsegula foni yake n'kusintha mayina. Amene anali "Achimwene a ku Kawale" amasanduka "Osayankha 1", mayi a pagolosale "Osayankha 2". Pamene WhatsApp inabweretsa timatiki ta buluu mu 2014, tosonyeza kuti uthenga wawerengedwa, dziko linakondwa, koma akatswiri anadziwa kuti m'bwalo mwalowa mpira wina. Posakhalitsa anapeza pozimitsira. Amawerenga uthenga wonse pamwamba pa galasi osautsegula, chala chili m'malere, mpweya atagwira. Chala chikaterereka ndiye kuti wafa. Vuto la katswiri ndi limodzi: mtima wofuna kuonetsa. Amazinda mwezi wathunthu mosalakwitsa, kenako Loweruka n'kuyika chithunzi ali ku Salima, chambo pambale, botolo lili pambali, mawu ake othokoza Mulungu. Woyamba kuona chithunzicho sakhala mnzake wakusukulu ayi.

Sindikunena za ngongole zokha. Kalata yaukwati ndi mpira, chifukwa kumbuyo kwake kuli perekaniperekani. Gulu la WhatsApp lomwe wakulowetsamo munthu amene munaonana komaliza muli Sitandade 8 ndi mpira, ndipo mpaka mu 2022 kutulukamo kunkalembedwa poyera kuti onse aone. Uthenga wa m'bale wakumudzi woyamba ndi "kwadzuka bwanji kumeneko, ana ali bwanji, kuno mvula yayamba" ndi mpira woponyedwa pang'onopang'ono, koma mkati mwake muli matumba awiri a fetereza.

Apa m'pamene ndimaona kuti masewera athu asintha ife osadziwa. Pa fulaye maudindo anali odziwika: awiri amagenda, wapakati amazinda, ndipo wogenda sankaopa kanthu mpaka nthawi yake yolowa pakati itakwana. Moyo wam'tauni wa lero wapita ku malamulo a ku America, komwe aliyense ndi wogenda komanso wozinda nthawi imodzi, mipira ili mbwee. Mphunzitsi akuzinda alandilodi uku akugenda mnzake yemwe anamubwereka ndalama ya thiransipoti. Alandilodiwo akuzinda wogulitsa simenti, wa simenti akuzinda katapila, katapila naye ali ndi amene akumuzinda, poti ndalama yomwe amakongozayo si yake yonse. Mayi wa mandasi akuzinda a banki mkhonde, ndipo amenewo sagenda mmodzimmodzi. Amabwera gulu lonse, atavala zitenje zofanana, maso ali pa matilesi ndi ndowa. Ndikukhulupirira kuti pali masana ena mu Lilongwe pamene foni iliyonse yomwe ikulira, mwini wake akuiyang'anitsitsa osaigwira, kwinaku akudabwa kuti bwanji yemwe anamuyimbira mphindi zisanu zapitazo sakuyankha.

Tinene kuti mwambi uja wafa? Ayi, wangobisala kumbuyo, komwe kumaima wogenda wachiwiri. Aliyense amene anasewerapo fulaye akudziwa kuti mpira womwe ukuuona sukupha kawirikawiri. Umafa pamene wazinda mokongola, anthu akukuchemerera, n'kuchedwa kutembenuka. Mu Novembala 2023 anthu ambiri omwe anali atazinda bwinobwino alandilodi, sukulu fizi ndi maukwati atatu anadzuka n'kumva kuti kwacha yatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti, chaka chathacho itatsitsidwa kale ndi 25 peresenti. Umenewo sunafulashe. Unangomveka kumsana, shuga ndi mafuta ophikira n'kukwera tonse tili chiyang'anire kutsogolo.

Nawo eni ngongole aphunzira kuima kumbuyo. Amabwereka foni ya munthu wina. Iwe ukuona nambala yachilendo, mtima n'kukuuza kuti ndi kuja unasiya kalata yofunsira ntchito. Ukukonza kukhosi, kutuluka panja pomwe pali phee, n'kuyankha ndi Chingerezi cha pa intaviyu. Mbali inayo kukumveka mawu odekha: "Ndine ndemwe, achimwene. Ndiye netiweki yabwerera?"

Komabe kuzinda kokha sikunapambanitsepo munthu. Pa dodgeball wozinda yekhayekha amangotalikitsa masewero, amatsala yekha pakona, mipira yonse ikuloza iye. Wopambana ndi wowakha, ndipo owakha m'moyo uno ndi ochepa, oyenera ulemu. Foni ikangolira kamodzi, dzina la mwini ngongole likuoneka, wowakha amayankha pompo ndi chimwemwe chonse.

"Aaa, alamu! Mulungu ndi wamkulu, ndimati ndikuyimbireni pompano."

Mlamu, yemwe anakonzekera ndewu, akusowa poyambira. "Eee, ndimati ndikumbutse za kaja..."

"Musatchule n'komwe, alamu, ine tulo sindikupeza nako. Koma mwamva zomwe zatigwera kuno?"

Apa wowakha amayala nkhani yonse mwadongosolo. Denga linasasuka ndi mphepo, mwana wabwezedwa kusukulu, njinga ya kabaza yomwe imabweretsa kangachepe ili kwa amakaniko, apongozi afika dzulo ndi adzukulu anayi ndipo sakutchula tsiku lobwerera. Sakana ngongole, amaivomera ndi mtima wonse, mpaka kuitchula ndi matambala ake. Kenako amatsitsa mawu. "Ndiye poti ndinu nokha amene mumandimvetsa, alamu, mukanangowonjezerapo pang'ono kuti ndidzabweze zonse pamodzi mwezi ukatha."

Kumbali inayo kumakhala chete. Kenako mlamu amayamba kudandaula kuti sakumva bwino, ali mu minibasi, aimbanso akatsika. Akadula, amatsegula foni yake, n'kufufuta dzina la mwamuna wa mlongo wake, n'kulembapo "Osayankha 3".