Jekete la Pakona

Mu ofesi yathu ku City Centre, mumzinda wa Lilongwe, tilimo anthu 14, koma mutalowa mungayese tonse tinakangana dzulo. Kuli zii. Kumudzi munthu wodutsa osapereka moni amamunena kuti ndi mfiti. Kuno timati ndi wolimbikira ntchito.

Mayi amene ndimagundana nawo zigongono tsiku lililonse akafuna sitepula yanga amanditumizira imelo, n'kukopera abwana. Ine ndimayankha kuti ndalandira, kenako ndimaikankha ndi chala, maso ali pakompyuta. Kukagwa maliro timamvera pagulu la WhatsApp. Timaponyapo timanja topemphera tija, chipepeso n'kutumiza pa Mpamba kapena Airtel Money, basi talira. Nkhomaliro aliyense amadyera m'dirowa, ngati kuti usipa ndi mlandu.

Lachiwiri lapitali magetsi anathima, jenereta nayo inalibe dizilo. Tinadzutsa mitu ngati nkhuku zoona kabawi.

"Kodi achimwene, munayamba liti kuno?" anandifunsa mkulu wina wadazi.

"Mu 2019, bambo."

"Aa! Inetu ndimayesa ndinu wokonza fotokope."

Macheza anakoma. Kunapezeka kuti mayi a sitepula aja kwawo ndi kwa Ganya ku Ntcheu, mudzi woyandikana ndi wathu, ndipo azigogo athu ankatunga madzi pachitsime chimodzi. Tinagwirana chanza mpaka kawiri. "Alongo anga enieni inu!" iwo anatero, misozi ikulengeza.

Apa wina anati tisawasiye bambo a pakona aja, amene jekete lawo timalipeza pampando m'mawa uliwonse, odzisunga, osakonda mijedo. Kodi atuluka pang'ono? Mesenjala, yekhayo amene amadziwa aliyense ndi mfunda womwe, anaseka mpaka kugwira khoma.

"Abwanawo anapuma pantchito mu Malichi. Akulima mbatatesi ku Dedza. Jeketelo anangoiwala."

Miyezi 5 yathunthu takhala tikuligwedezera mutu jekete mwaulemu. Wolemba za pamsonkhano anaulula kuti amawaika pagulu la opepesa kuti sabwera, ndipo mkulu wadazi uja anati ndi iwo okha amene sanayambanepo nawo chaka chino.

Magetsi anayaka 3 koloko, mitu yonse n'kuweramanso. Pasanathe mphindi 10 kompyuta yanga inalira. Anali alongo anga a ku Ntcheu, akufuna sitepula. Abwana anawakopera.